Michael Usi: Manganya amene anakhala wachiwiri kwa mtsogoleri wa dziko

Michael Bizwick Usi, yemwe anabadwa mu 1968 ndipo kwawo ndi ku Mulanje, ndi katswiri wa zisudzo ndi mafilimu komanso wandale. Amalawi ambiri amamudziwa ndi dzina la pabwalo la zisudzo: Manganya.

Dzinali linamveka kudzera m'sewero la Tikuferanji, lomwe bungwe la ADRA, la mpingo wa Seventh-day Adventist, linkakonza n'kuliulutsa pa wailesi ndi pa kanema wa boma. Nthawi imeneyo Edzi inali itavuta, koma pamaliro anthu ankangonena kuti malemu "adwala nthawi yaitali". Seweroli linkatchula poyera zimene zinkanong'onedwa: chibwenzi cha mseri, kuopa kukayezetsa magazi, kusala odwala. Manganya anali munthu wokonda makani, wolankhula ngati wodziwa zonse, amene amalakwitsa poyera anthu n'kumuseka, kenako aliyense n'kuzindikira kuti khalidwelo lili pakhomo pake.

Luso lake lenileni linali pamenepa. Mlangizi wa zaumoyo akayankhula, anthu amamvera mwaulemu n'kubalalika. Koma Manganya akayankhula, mkangano umapitirira pachigayo ndi pamjigo mawa lake. Kumadera ngati kwa Kasisi ku Chikwawa, kumene nyumba zambiri zinalibe magetsi, anthu ankasonkhana pakhonde la mwini wailesi madzulo kutentha kutachepa, ana pansi, akuluakulu pamipando, ndipo nthabwala imodzi inkatsegulira njira nkhani imene mayi ndi mwana wake wamkazi sakanaiyamba okha.

Usi anaseweranso m'mafilimu, kuphatikizapo Dr. Manga, ndipo anakwera mpaka kukhala mkulu wa ADRA m'dziko muno. Digiri yake ya udokotala wa maphunziro anaitenga ku University of Bedfordshire ku United Kingdom.

Ndale anazilowa kudzera m'gulu lake la Odya Zake Alibe Mlandu, kenako m'chipani cha UTM. Pa chisankho cha 2019 anaima limodzi ndi Saulos Chilima ngati womutsatira. Mu 2020 Pulezidenti Lazarus Chakwera anamusankha kukhala nduna ya zokopa alendo, chikhalidwe ndi nyama zakutchire, ndipo mu 2023 anapita ku unduna wa zachilengedwe ndi kusintha kwa nyengo. M'mwezi wa Marichi chaka chomwecho namondwe wa Freddy anasakaza chigawo cha kummwera, kuphatikizapo Chikwawa, Nsanje ndi kwawo ku Mulanje.

Chilima, yemwe anali wachiwiri kwa mtsogoleri wa dziko, atamwalira pangozi ya ndege ku Chikangawa pa 10 Juni 2024, Usi analumbiritsidwa kukhala wachiwiri kwa mtsogoleri wa dziko pa 21 Juni. Ena anadabwa kuona wazisudzo pampando wotere, ngakhale anali atayendetsa kale bungwe lalikulu ndi maunduna awiri. Mu Seputembala 2025 anapikisana nawo pa mpando wa pulezidenti, koma amene anapambana ndi Peter Mutharika, ndipo udindo wa wachiwiri unapita kwa Jane Ansah.