Amene analemba za Abiti Anefa

Ife tikukula kwa Mponda, sewero linkalowa m'nyumba kudzera pa wailesi. Anganga ankayanika mabatire padzuwa kuti afikeko nthawi ya Kapalepale kapena Pamajiga pa MBC, ife tili pamkeka, utaka ukutokota pamoto. Mawu a osewera tinkawadziwa onse. Koma zoti kuseri kuli munthu wogwira cholembera, woganiza zimene mkazi ayankhe mwamuna akabwera tambala atalira, sizinkatibwerera m'mutu.

Kanema anachedwa kuno. Television Malawi inayamba mu 1999, pamene anzathu a ku Zambia anali atayamba kuonera kanema mu 1961. M'pamene tinaona nkhope ya Manganya mu Tikuferanji, sewero la Michael Usi lokamba za Edzi, zibwenzi ndi mabanja, mothandizidwa ndi bungwe la ADRA. Nayo Story Workshop inali itayamba kale sewero la Zimachitika pa wailesi mu 1997. Olemba ankadalira mabungwe, choncho chikondi cha m'sewero chinkasenza uthenga wa kuchipatala. Sindikunyoza ayi. Maliro anali otsatizana zaka zimenezo, ndipo uthengawo unkafunika. Kungoti tikafuna nkhani ya banja yopanda langizo kumapeto, tinkalipira pakhomo la vidiyo n'kukaonera za ku Nigeria.

Amene anandisintha maganizo ndi Shemu Joyah, munthu woti ntchito yake yeniyeni ndi yoyeza malo. Mu 2008 anatulutsa filimu yotchedwa Seasons of a Life, nkhani ya mtsikana wantchito yemwe abwana ake anamupatsa mimba, mwana n'kutsala m'manja mwa banjalo, iye n'kukaphunzira zamalamulo kuti adzamenyere mwana wakeyo kukhoti. Kenako mu 2012 kunabwera The Last Fishing Boat. Apa ndiye anatigwira pamtima. Yusufu, yemwe anaseweredwa ndi Hope Chisanu, ndi msodzi wakale wotchuka amene khoka lake layamba kubwera lopepuka. Mkazi wake wachitatu, Abiti Anefa, yemwe ndi Flora Suya, wakopa maso a mzungu wodzaona nyanja, ndipo mzunguyo ali ndi ndalama zimene Yusufu alibenso.

Nditamva dzina loti Abiti likutchulidwa pa kanema, thupi linachita tsemwe. Azakhali anga, omwe anakhalapo pamitala, sanatulutse mawu mpaka filimu inatha. Tonse tinkawadziwa a Yusufu athu: madoda amene chambo chitatha m'nyanja ya Malombe anatsala ndi bwato lowola ndi ulemu wokha. Joyah sanaweruze munthu. Anangoonetsa mmene umphawi umalowera kuchipinda.

Nkhani zotere zadzaza kwa Mponda. Pali amayi olera ana okha, mwamuna ali ku Joni chaka chachisanu, banja lonse likuyendera pa WhatsApp. Inu ana a kuno amene mumakonda kulemba, musadikire kuti wina achokere ku Blantyre kudzakulemberani. Tengani kope, muyambe ndi nyumba yoyandikana nanu.