Anyamata a ku Carlisle ndi mpira wa ku America

Mpira wa ku America, uja wobulungira motalika umene amathamanga nawo m'manja, unabadwira m'sukulu. Ku England sukulu iliyonse yogonera konko inali ndi malamulo akeake, mpaka mu 1863 pamene mpira wa miyendo unayamba kusiyana ndi rugby. Ku America, pa 6 November 1869 koleji ya Rutgers inagonjetsa Princeton 6-4. Kenako Walter Camp wa ku Yale anakonza malamulo ambiri, ndipo mpaka lero amatchedwa tate wa masewerowa.

Koma masewero a nthawi ya Camp anali ankhanza. Anyamata ankangounjikana n'kumakankhana, wolemera n'kupambana. Mu 1905 osewera osachepera 18 anamwalira, Pulezidenti Theodore Roosevelt anaitanitsa akuluakulu a Harvard, Yale ndi Princeton, ndipo mu 1906 malamulo atsopano analola kuponyera mnzako mpira kutsogolo. Makoleji akuluakulu sanachite nalo chidwi lamuloli. Amene analigwiritsa ntchito mwaluso anali ana a sukulu ya Carlisle ku Pennsylvania, ndipo apa m'pamene ine ndimati masewero a lero anayambira.

Sukuluyi anaitsegula Richard Henry Pratt mu 1879 kuti asandutse ana a Amwenye, eni ake a dzikolo, akhale ngati Azungu. Ana ankatengedwa kwa makolo awo, kumetedwa tsitsi, kupatsidwa mayina achilendo, ndi kuletsedwa kuyankhula chinenero chawo. Ambiri anafera komweko. Anyamata a timu ya mpira ya sukuluyi anali opepuka thupi, choncho anadalira liwiro, kuzemba ndi kuponya mpira patali. Mu 1907, Frank Mount Pleasant akuponya, Albert Exendine akuwakha, anapambana masewero 10 n'kugonja kamodzi kokha kwa Princeton. Anathibula Pennsylvania 26-6, Harvard 23-15. Mu 1912 anapita ku West Point kukakumana ndi timu ya asilikali, patangotha zaka pafupifupi 22 kuchokera pamene asilikali anapha Amwenye ku Wounded Knee. Carlisle inapambana 27-6. M'timu yogonjayo munali Dwight Eisenhower, amene anadzakhala pulezidenti, ndipo wowazunguza mitu tsikulo anali Jim Thorpe, amene anali atangobwera kumene ndi mendulo ziwiri zagolide kuchokera ku masewero a Olimpiki ku Stockholm.

Mabuku ambiri amatamanda mphunzitsi wawo, Pop Warner. Nzeru anali nazo, sindikana. Koma Thorpe atalandidwa mendulo zake mu 1913 chifukwa choti analandirapo ndalama posewera baseball, Warner sanamuimire kumbuyo, ndipo ana a sukuluyi anadzadandaula ku boma za mmene ankawasamalira. Kwa ine ulemu ndi wa anyamatawo. Sukuluyi inatsekedwa mu 1918.

Nkhaniyi imandikhudza chifukwa kuno ku Machinga ndi Balaka, maboma amene anali amodzi mpaka 1998, tikuidziwa sukulu yobwera ndi zofuna zake. Makolo ambiri achiyao achisilamu ankakaniza ana kupita ku sukulu za mishoni poopa kuti akawatembenuza, ndipo maphunziro m'dera lino anatsalira kwa zaka zambiri. Ana a ku Ntaja kapena ku Ulongwe amafika m'kalasi akuyankhula Chiyao, n'kupeza kuti phunziro lili m'Chichewa, kenako m'Chingelezi. Koma belu likalira, pabwalo lafumbi lija, ndi mpira womanga ndi mapepala ndi zingwe, mwana yemweyo amene amaoneka wamanyazi m'kalasi ndiye amalamula anzake. Aphunzitsi amene amagula mpira ndi ndalama za m'thumba mwawo, n'kuyenda ndi ana ulendo wautali kukasewera ndi sukulu ina, alipo ambiri m'maboma awiriwa. Chimene chikusowa ndi mipikisano yokhazikika ya sukulu, yoti mwana wa ku Nayuchi kapena ku Phalula aonedwe ndi anthu ofufuza luso asanasiye sukulu n'kuyamba ulendo wa ku Joni.