Ulemu, Manyazi ndi Mikangano ya Mafumu ku Mangochi, 1866 mpaka 1895

Ku Ulaya kunali mwambo wakuti munthu wolemekezeka akanyozedwa, ankaitana womunyozayo kuti akamenyane awiriwiri ndi malupanga kapena mfuti, pa tsiku lopangana ndiponso pamaso pa mboni. Wokana ankatchedwa wamantha. Mpingo udaukana mwambowu: Msonkhano wa ku Trent m'chaka cha 1563 udalamula kuti omenyana chotero achotsedwe mu Mpingo, ndipo Papa Leo XIII adaudzudzulanso pa 12 September 1891 m'kalata yolembera maepiskopi a ku Germany ndi Austria-Hungary.

Kuno kwathu ulemu wa mfumu udali wa mudzi wonse, choncho mfumu ikanyozedwa, mlandu unkagwera anthu ake onse. Pakati pa anthu wamba, akanenerana ufiti kapena chigololo, ankathamangira ku mwavi. Wosanza ankayesedwa wosalakwa, wofa ndiye wopalamula, ndipo nthawi zina mwaviwo ankamwetsa nkhuku kapena galu m'malo mwa mwini mlandu. Maganizo ake ndi omwe aja a ku Ulaya wakale, akuti thupi la munthu lingaulule choona. Boma la atsamunda lidaletsa mwavi m'chaka cha 1911.

Mafumu a Chiyao a kumwera kwa nyanja, Mponda, Makanjira ndi Jalasi, ankayeza ukulu wa munthu ndi chiwerengero cha anthu omutsata, mfuti, onga ndi nsalu zochokera ku gombe la Indian Ocean. Zonsezi ankagula ndi minyanga ya njovu ndi akapolo. Apa mpamene tiyenera kuima pang'ono, pakuti mawu akuti ulemu angatinamize. Mfumu ikafuna kuposa inzake, inkafuna mfuti zambiri. Kuti ipeze mfuti inkafuna akapolo. Ndipo akapolowo inkawatenga m'midzi ya Amang'anja ndi Anyanja, mwinanso m'midzi ya mfumu inzake yomweyo. Amene ankalipira mtengo wa ulemu umenewu adali amayi ndi ana omwe sadanyoze aliyense.

David Livingstone adafika kwa Mponda mu September 1866, napeza mudzi waukulu pafupi ndi pamene Shire amatulukira m'nyanja. Mponda woyambayo atamwalira, ufumu udalimbiranidwa pakati pa Mponda wachiwiri ndi abale ake, makamaka Chungwarungwaru. Nkhondo imeneyi tikuidziwa bwino chifukwa amishonale oyamba a Katolika m'dziko muno, a chipani cha White Fathers, adaipeza ili mkati pamene adafika kwa Mponda mu December 1889. Abambo Lechaptois, Mercui ndi Heurtebise pamodzi ndi Brazala Antoine ankalemba tsiku ndi tsiku zimene ankaona: magulu a nkhondo akutuluka, ogwidwa akulowa, mitu ya adani itapachikidwa pa mpanda wa mudzi kuti aliyense aone mphamvu za mfumu. Adatsegula sukulu ndi kupereka mankhwala, koma mu June 1891 adachoka kupita ku Mambwe, kumpoto kwa Zambia wa lero.

Ndi azungu namonso nkhani idali ya manyazi. M'chaka cha 1888 anthu a Makanjira adagwira John Buchanan, wogwirizira udindo wa kazembe wa Britain, pamodzi ndi m'busa wa Anglican W. P. Johnson. Buchanan adamuvula zovala nam'kwapula pagulu, ndipo adawamasula atalandira dipo. Angelezi sadaiwale. Mu October 1891, mwezi umodzi chabe Papa atalemba kalata ija, Harry Johnston ndi Captain Cecil Maguire adabwera ndi asilikali a chi Sikh ochokera ku India. Adamanga linga la Fort Johnston kutsidya kwa mtsinje, naombera mudzi wa Mponda, kenaka adatentha mudzi wa Makanjira. Johnston ankati akuthetsa ukapolo, ndipo m'menemo mudali choona, komabe chikwapu cha Buchanan chidali m'mitima mwawo.

Makanjira adabwezera mu December chaka chomwecho, pamene Maguire adaphedwa akuyesa kuononga zombo za mfumuyo. Mu February 1892 Jalasi adagonjetsa gulu lochokera ku Fort Johnston pa phiri la Mangochi, nalanda mzinga. Kwa zaka zitatu mzingawo udakhala paphiripo ngati chitonzo kwa boma, kufikira chaka cha 1895 pamene asilikali a Major Edwards adakwera phirilo, Jalasi nkuthawira ku Mozambique.

Tauni ya Fort Johnston idasamutsidwira pamene ili lero m'chaka cha 1897, ndipo ufulu utabwera idatenga dzina la phiri la Jalasi, dzina limenenso dayosizi yathu idalandira m'chaka cha 1973. Makoma a linga limene Angelezi adamanga pa malo a Jalasi akadalipo paphiripo, kufupi ndi Namwera.