Iain Macleod, Phungu wa Enfield West Amene Anamasula Kamuzu

Mwa aphungu a chipani cha Conservative amene analowa m'Nyumba ya Malamulo ya ku Britain nkhondo yachiwiri ya padziko lonse itatha, ndi ochepa amene ntchito yawo inakhudza anthu a ku Nyasaland ndi Northern Rhodesia kuposa ya Iain Macleod, yemwe anaimira dera la Enfield West, kumpoto kwa London, kuyambira 1950 mpaka imfa yake mu 1970. Chipani cha Conservative ndi chimene chimakhulupirira kusunga miyambo ndi maziko akale a dziko, monga ufumu ndi mpingo, kulemekeza chuma cha munthu payekha, ndi kusintha zinthu pang'onopang'ono, ndipo m'zaka zimenezo chinkadziwikanso ngati mlonda wa ulamuliro wa atsamunda. Macleod anafulumizitsa kutha kwa ulamuliro umene anzake ambiri ankaunyadira, ndipo amene anamulanga chifukwa cha zimenezi sanali ovota a m'dera lake, koma akuluakulu a chipani chake chomwe.

Iye anabadwa pa 11 November 1913 ku Skipton, m'chigawo cha Yorkshire, kumene bambo ake ankagwira ntchito ya udokotala, ngakhale kwawo kwenikweni kunali kuchilumba cha Lewis ku Scotland. Ataphunzira mbiri yakale ku Cambridge, anakhala zaka zingapo akupeza ndalama mwa kusewera bridge, masewero a makhadi a anthu anayi amene amafuna kuwerengera ndi kukumbukira kwambiri, ndipo luso limeneli adani ake anadzamunyoza nalo pambuyo pake. Pankhondo anavulala ntchafu ku France mu 1940, ndipo kenaka anadwala nthenda youmitsa msana, imene inamupweteka moyo wake wonse moti pofuna kuyang'ana munthu amene ali pambali ankatembenuka thupi lonse.

Chisankho chake choyamba, mu 1945, anakapikisana kudera la Western Isles, kwawo kwa makolo ake, kumene chipani chake chinalibe ngakhale nthambi, kotero kuti pamsonkhano umene unamusankha kuti aimire chipanicho panali anthu awiri okha, iye ndi bambo ake. Pa anthu atatu amene anapikisana, iye anakhala wotsiriza. Atagonja anakagwira ntchito kunthambi ya chipani yofufuza ndi kukonza mfundo, pansi pa Rab Butler, limodzi ndi Enoch Powell ndi Reginald Maudling, ndipo mu February 1950 anapambana ku Enfield West ndi mavoti oposa 9,000 pamwamba pa womutsatira. Ku Britain, monganso ku Malawi ndi ku Zambia, dera lililonse limasankha phungu mmodzi, ndipo wopeza mavoti ochuluka kuposa anzake ndiye amapambana, zimene zimachititsa kuti madera ena akhale a chipani chimodzi kwa zaka zambiri. Enfield West, dera la anthu opezako bwino okhala m'nyumba zawozawo, linali lotero, ndipo linamusankhanso mu 1951, 1955, 1959, 1964, 1966 ndi 1970, ngakhale pamene chipani cha Labour chinapambana m'dziko lonse mu 1964 ndi 1966. Mpando wosagwedezeka woterewu umapatsa phungu mwayi wolankhula zosakondweretsa anthu popanda kuopa kuluza, ndipo Macleod ndi mmodzi wa ochepa amene mwayiwo sanautaye pachabe.

Kukwera kwake kunali kwachangu. Mu March 1952, pamtsutso wa zaumoyo, analimbana ndi Aneurin Bevan, katswiri wolankhula wa Labour amene anakhazikitsa ndondomeko ya chipatala chaulere, ndipo nduna yaikulu Winston Churchill, atamumva, anamupatsa unduna wa zaumoyo mu May chaka chomwecho. Kumapeto kwa 1955 anakhala nduna ya zantchito, ndipo mu 1958 sanagonjere sitalaka ya ogwira ntchito m'mabasi a mu London.

Ntchito imene amakumbukiridwa nayo inayamba mu October 1959, pamene nduna yaikulu Harold Macmillan anamuika kukhala nduna yoona za maiko olamulidwa ndi Britain. Chaka chimenecho chinali cha manyazi ku boma, pakuti ku Kenya akaidi 11 anamenyedwa mpaka kufa kumsasa wa Hola, pamene ku Nyasaland bwanamkubwa Robert Armitage analengeza pa 3 March kuti dziko lili pangozi, anthu oposa 50 anaphedwa, ndipo Dr Hastings Kamuzu Banda anatsekeredwa kundende ya Gwelo ku Southern Rhodesia. Komiti yofufuza ya woweruza Patrick Devlin inapeza kuti dziko la Nyasaland linkalamulidwa ndi mphamvu ya apolisi. Macleod anakhulupirira kuti kuchedwetsa ufulu kukanakhetsa magazi ambiri kuposa kuufulumizitsa, ndipo anaona kuti mtendere wa Nyasaland sukanakambidwa mtsogoleri amene anthu ankamumvera ali m'ndende. Armitage anazengereza, Roy Welensky, nduna yaikulu ya chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland, anakana kwamtuwagalu, ndipo Macmillan atayamba kugwa mphwayi, Macleod anaopseza kuti atula pansi udindo. Pa 1 April 1960 Banda anatulutsidwa n'kupita naye ku Zomba, kumene anakumana ndi Macleod kunyumba ya bwanamkubwa, kenaka analankhula pa wailesi kupempha anthu kuti asunge bata, ndipo ziwawa zimene otsutsa analosera sizinachitike. Msonkhano wa ku Lancaster House wa mu July ndi August 1960 unagwirizana kuti Afirika akhale ochuluka m'nyumba ya malamulo ya ku Zomba, ndipo pachisankho cha pa 15 August 1961 Malawi Congress Party inatenga mipando yonse 20 ya kaundula wapansi, ndiye kuti wa ovota amene chuma ndi maphunziro awo zinali zochepa.

Ku Northern Rhodesia, kumene kunali migodi ya mkuwa ndi azungu ambiri okhazikika, zinthu sizinayende chimodzimodzi, ndipo apa mbiri yake ili ndi banga. Malamulo amene anakonza mu February 1961, ogawa mipando m'magulu atatu a 15, anali ovuta kuwamvetsa, ndipo Welensky ndi aphungu ambiri a Conservative atamupanikiza anawasintha mu June mokomera azungu, zimene zinautsa zipolowe za Cha Cha Cha pakati pa otsatira UNIP ya Kenneth Kaunda. Kubwerera m'mbuyo kumeneku sikunamupulumutse, pakuti Lord Salisbury, mmodzi wa akuluakulu a chipani chake, anali atamunena kale mu March, m'nyumba ya mafumu ya ku Britain, kuti anali wochenjera mopitirira muyeso ndiponso kuti ankachita ndi azungu a ku Africa monga wosewera makhadi amachitira ndi mdani wake. Chitonzo chimenechi, ngakhale chinali chosalungama, chinamumatirira. Mu October 1961 anachotsedwa paundunawu n'kukhala wapampando wa chipani ndi mtsogoleri wa zokambirana m'Nyumba ya Malamulo.

Macmillan atatula pansi udindo mu October 1963, Macleod ndi Powell anakana kutumikira pansi pa Alec Douglas-Home, amene analowa m'malo mwa Macmillan, ndipo mu January 1964, ali mkonzi wa magazini ya The Spectator, Macleod analemba nkhani yodzudzula kagulu ka anthu a m'mabanja apamwamba kamene kanasankha mtsogoleriyo mobisa. Mu 1965 chipani chinayamba kusankha mtsogoleri mwa mavoti a aphungu, monga kudzudzula kwake kunafunira, koma iye mwini, podziwa kuti ambiri sanamukhululukire, sanapikisane nawo, ndipo amene anapambana ndi Edward Heath. Khalidwe lake silinasinthe, pakuti mu 1968 anavota motsutsa lamulo loletsa Amwenye a ku Kenya okhala ndi mapasipoti a Britain kulowa m'dzikolo, poona kuti boma likuphwanya lonjezo limene linawapatsa.

Chipani chake chitabwerera m'boma mu June 1970, Heath anamupatsa unduna wa zachuma, umene anaukonzekera kwa zaka zisanu ali kumbali yotsutsa, koma anaugwira mwezi umodzi wokha, pakuti anamwalira ndi nthenda ya mtima pa 20 July 1970 kunyumba ya undunawo, pa 11 Downing Street, ali ndi zaka 56. Pachisankho chapadera cha mu November chaka chomwecho, anthu a ku Enfield West anasankha Cecil Parkinson, wa Conservative yemweyo, ndipo deralo linathetsedwa mu 1974 malire a madera atakonzedwanso.