Anthu anayi ndi pampu ya pa Broad Street

Mu January 2024, bwalo la mpira la National Heroes ku Lusaka linasanduka cipatala ca odwala kolera, ndipo masukulu anacedwa kutsegulidwa. Masiku amenewo aliyense anali ndi cokamba. Ena anali kuloza zinyalala za m'misika, ena zitsime zosazama za m'makomboni monga Kanyama, ena mvula. Mkangano wotere unalikonso ku London zaka 170 m'mbuyomo, anthu asanadziwe njira imene kolera imayendamo. Tiyeni tione anthu anayi a nthawi imeneyo, aliyense ndi kaganizidwe kake.

Woyamba ndi Edwin Chadwick, mkulu wa zaukhondo m'boma. Iye, monga madokotala ambiri a nthawi yake, anali kukhulupirira kuti matenda amabwera ndi mpweya wonunkha. Anali munthu wa mapulani aakulu: cotsani fungo, matenda atha. Conco iye ndi anzake analamula kuti zonyansa za m'ngalande za mzinda zikokololedwe mu mtsinje wa Thames. Vuto linali lakuti anthu ambiri anali kumwa madzi a mtsinje womwewo.

Waciwiri ndi William Farr, munthu wa manambala, amene anali kulemba imfa za mu London sabata iliyonse. Atapenda mliri wa mu 1849, anapeza kuti okhala kumalo otsika, pafupi ndi mtsinje, anali kufa kwambiri kuposa okhala kumtunda. Manambala ake anali oona, koma anawamasulira molakwa. Anati mpweya woipa umaunjikana kumalo otsika.

Wacitatu ndi John Snow, dokotala wodziwa kugoneka odwala pa opaleshoni, amene mu 1853 anapatsa Mfumukazi Victoria mankhwala a chloroform pobereka. Popeza anali kudziwa mmene mpweya umagwirira nchito m'thupi, anafunsa funso lapafupi: ngati kolera ilowa ndi mpweya, n'cifukwa ciani iyambira m'mimba osati m'mapapo? Mu 1849 analemba kuti matendawa amalowera pakamwa, maka-maka ndi madzi oipitsidwa ndi cimbudzi ca wodwala. Ndi ocepa amene anamumvera.

Pa 31 August 1854, kolera inabuka m'dera la Soho. M'masiku khumi cabe, anthu pafupifupi 500 anafa, ndipo mliri wonse unapha 616. Snow anatenga m'ndandanda wa akufa ku ofesi ya Farr, n'kuona kuti ambiri anali kukhala pafupi ndi pampu ya madzi ya pa msewu wa Broad Street. Koma luso lake lenileni linali kufufuza zosagwirizana ndi zinzake. Pa msewu womwewo panali fakitale yofulula mowa, koma anchito ake sanafe: anali kumwa mowa wa panchito, ndipo fakitaleyo inali ndi citsime cake. Nyumba yosungiramo osauka ya pa Poland Street inali ndi anthu 535, koma anafa asanu okha. Nayonso inali ndi citsime cake. Pomwe mayi wina wamasiye wa ku Hampstead, kutali ndi Soho, anafa. Snow anapeza kuti mayiyo anali kukonda kukoma kwa madzi a pa Broad Street, ndipo anali kumutumizira m'botolo. Pa 7 September anakamba ndi akuluakulu a derali, ndipo mawa lake anacotsa cogwirira ca pampu.

Wacinayi ndi amene timamuiwala: Henry Whitehead, m'busa wacinyamata wa chalichi ca St Luke's m'dera lomwelo. Sanali wasayansi. Cuma cake cinali kudziwa anthu: wakuti akhala khomo liti, anathawira kuti, amatuma mwana uti kukatunga madzi. Poyamba anakana maganizo a Snow, ndipo analowa nyumba ndi nyumba kuti aonetse kuti dokotalayo walakwa. Mayankho amene anamva anamutembenuza. Ndiye amene anapeza kuti khanda lina la pa nambala 40 Broad Street linadwala mliri usanabuke, ndipo mayi ake anali kutaya madzi ocapira matewera m'dzenje la cimbudzi pakhomo. Atakumba, anapeza kuti dzenjelo linali kudontha, ndipo pakati pa ilo ndi citsime ca pampu sipanakwane ngakhale mita imodzi.

Tisaikometsere nkhaniyi. Pamene anali kucotsa cogwirira cija, mliri unali utayamba kale kucepa, cifukwa ambiri anali atathawa. Akuluakulu a zaumoyo anakana zimene Snow anapeza, ndipo patapita nthawi cogwirira cinabwezeredwa. Snow anamwalira mu 1858 anthu asanamuvomereze. Caka comweco Thames inanunkha kwambiri, aphungu n'kuvomera kumanga ngalande zazikulu zotaya zonyansa kunja kwa mzinda. Anali kuthawa fungo, koma anayeretsa madzi. Ndipo kolera itabweranso kum'mawa kwa London mu 1866, Farr yemwe uja ndiye anatsata manambala ake mpaka pa kampani ina yogulitsa madzi.

Akulu anati mutu umodzi susenza denga, koma apa pali cinanso. Mitu inayi yoganiza mofanana sikanalisenza dengalo. Snow anafunika m'ndandanda wa Farr, amene sanali kugwirizana naye. Umboni wake unakwanira cifukwa ca m'busa amene anabwera kudzamutsutsa. Ubwino wa Farr ndi Whitehead ndi wakuti umboni utawakana, anasintha maganizo.

Mvula ikayamba ndipo tayambanso kuwerenga odwala, tidzafuna wa manambala ku unduna, injiniya wa mapaipi, ndi dokotala wofunsa mafunso ovuta. Koma pamsonkhano umenewo pakhalenso mpando wa amayi a m'komboni, amene adziwa kuti pompi ikauma Lacitatu, ana amapita kukatunga pa citsime citi.