ZILOMBO NDI BUNGWE: ALONDA AWIRI A CHICHEWA

Kodi chiyankhulo chiri ndi alonda ake? M'nthano za kunja muli zinyama zongopeka zimene amati zimalondera mawu kuti asatayike. Ine ndikuti ife sitisowa kupeka. Zilombo zotere tiri nazo kale, ndipo aliyense wokhala ku Chinsapo kapena ku Mgona anazionapo zikudutsa mumsewu, fumbi liri koboo, ana ali balalabalala.

Ndikunena za Gule Wamkulu. Akuluakulu amati zilombo ndi mizimu ya makolo yochokera kumanda, yobwera kudzacheza ndi amoyo pa maliro, pa chinamwali ndi polonga mfumu. Anthu ambiri amangoona kuvina kwa Chadzunda ndi kukula kwa Kasiyamaliro, osadziwa kuti kudambwe kulinso sukulu ya mawu. Mnyamata wogula njira amaphunzira mwambo: mawu okuluwika, mafunso ndi mayankho ake, ndi maina ena a zinthu zimene tonsefe timazidziwa. Munthu akadzitama kuti ngolowa, anzake amamuyesa ndi mawu omwewo, ndipo akaphonya waonekera ng'amba. Mawuwo sindiwalemba pano, pakuti si a papepala. Asungika mibadwo yonseyi chifukwa chakuti eni ake amawaumira.

Mlonda wachiwiri anadza ndi cholembera. Amishoni a Dutch anakhazikika ku Mvera m'chaka cha 1889 ndi ku Nkhoma mu 1896, pamene Akatolika anafika ku Mua mu 1902. Iwowa ndiwo anathandiza kwambiri kuika chiyankhulo chathu m'mabuku, ndipo Buku Lopatulika linatuluka mu 1922. Koma omwewo anadana ndi gule, namutcha ntchito ya mdima. M'zaka za m'ma 1920 anadandaula kwa boma la atsamunda kuti limuletse, koma boma silinamuthetse. Zilombo zinayankha mwa njira yawoyawo: pabwalo panali kuvina Maliya ndi Simoni wa nkhope yofiira. Mlendo uja anasanduka chigoba ndi nyimbo, ndipo nyimbozo zinali m'Chichewa chokhwima chimene iye sankachimva.

Titalandira ufulu, boma linadzipatsa lokha ulondawo. Msonkhano waukulu wa Malawi Congress Party umene unachitika mu Lilongwe mu 1968 unagamula kuti dzina la Chinyanja lisinthe likhale Chichewa, ndi kuti Chichewa chikhale chiyankhulo cha fuko. Mu 1972 Dr. H. Kamuzu Banda anakhazikitsa bungwe la Chichewa Board, limene linatulutsa malamulo a kalembedwe mu 1973, nkuwakonzanso mu 1980 ndi mu 1990. Ntchitoyo inali yabwino, koma mlonda ameneyu anali ndi chibonga. Chitumbuka chinachotsedwa pa wailesi mu 1968, ndipo chinabwererapo mu 1994. Kuteteza chiyankhulo chimodzi potseka pakamwa pa zinzake kunasiya mabala amene ena akali kuwamva kuwawa. Bungwelo linatha mu 1995, ndipo m'malo mwake munalowa Centre for Language Studies ya ku Zomba mu 1996, imene inapatsidwa udindo wosamala ziyankhulo zonse za m'dziko muno. Mtanthauziramawu wa Chinyanja unatuluka mu 2000.

Tsono taonani zimene zinachitika mu Lilongwe. Likulu litasamuka ku Zomba mu 1975, mzinda unakula nkumeza midzi ya Achewa imene inalipo kale. Ku Kawale, ku Biwi, ku Area 23 ndi ku Area 25 kunadzaza anthu a mitundu yonse: Ayao, Alomwe, Atumbuka, Angoni, Asena. Ana awo anaumba Chichewa chawochawo cha m'tauni, chotola mawu ku Chingerezi ndi ku ziyankhulo za ku Joni. Palibe lamulo la bungwe limene linatha kuwaletsa. Koma mafumu ena a midzi ija anatsala ndi mizinda yawo, ndipo mbalule akalira, amayi amayimbabe nyimbo zodzaza ndi zining'a zimene mwana wa m'tauni amafunsa tanthauzo lake. Pofunsapo ndi pamene mawu akale amapeza mwini watsopano.

Sindikuti zonse ziri bwino. Nyumba zafika m'mphepete mwa manda, ndipo dambwe lopanda nkhalango silibisa kanthu. Alipo anyamata amene amavala zigoba kuti aziopseza anthu ndi kupempha ndalama m'misewu, mwambo osaudziwa ndi pang'ono pomwe. Oterewa anatenga nkhope ya mlonda, nasiya chuma chimene iye amalondera. Bungwe la UNESCO linalemekeza Gule Wamkulu mu 2005, koma ulemu wochokera ku Paris sungaphunzitse mwana wa ku Mgona chining'a nchimodzi chomwe.

Kwa ife alembi phunziro ndi ili. Bungwe linatipatsa kalembedwe, pamene zilombo zinasunga mawu ozama ndi luso lonena chinthu mozungulira. Alakatuli a m'zaka za m'ma 1970 anapulumukira pa luso lomwelo pamene kunena mosabisa kunali kudziitanira ndende. Zinsinsi za kudambwe tizisiyire eni ake. Koma nyimbo za pabwalo, miyambi ndi zining'a za agogo athu a ku Chinsapo nzathu tonse. Tipite tikazimve eni ake akali moyo, tizilembe, ndipo tizigwiritse ntchito.