Mbiri ya Nyanja Yamoyo ya Solaris

Solaris ndi dziko longopeka lomwe limapezeka m'buku la dzina lomweli. Bukuli analemba ndi Stanisław Lem wa ku Poland, ali m'tauni ya kumapiri ya Zakopane mu 1959 ndi 1960, ndipo linatuluka ku Warsaw mu 1961. Pafupifupi dziko lonselo ndi nyanja imodzi. Si ya madzi ayi, ndipo mulibe nsomba ngakhale ndere. Ndi chinthu chokhuthala ngati phala, cholengedwa chimodzi chamoyo chimene chimaoneka kuti chimaganiza.

Kuiona nyanja ngati chamoyo kunayamba kalekale. Ababulo anali ndi Tiamat, madzi amchere amene anabala milungu, yemwe Marduk anamung'amba pakati n'kupanga thambo ndi dziko. Komatu Tiamat amapsa mtima ndi kumenya nkhondo monga achitira anthu. Nyanja ya Lem ilibe nkhope, ilibe pakamwa, ndipo palibe amene angalumbire kuti imadziwa zoti pali anthu.

Mbali yaikulu ya bukuli ndi mbiri ya kafukufuku wa nyanjayi, imene Kris Kelvin, katswiri wa zamaganizo, amaiwerenga m'laibulale ya pamalo ofufuzira oyandama m'mwamba mwa nyanjayo. Dzikoli linatulukiridwa zaka pafupifupi 100 Kelvin asanabadwe. Limazungulira madzuwa awiri, lofiira ndi labuluu, ndipo masamu ankasonyeza kuti dziko lotere liyenera kusochera panjira yake. Solaris sankasochera. Asayansi atafufuza anapeza kuti ndi nyanjayo imene imawongola kayendedwe ka dzikolo, ndipo apa m'pamene panabadwira phunziro lapadera lokhudza Solaris yekha.

Wofufuza wina dzina lake Giese anathera moyo wake akusanja m'magulu zinthu zimene nyanjayi imaumba. Zina zimatengera maonekedwe a mitambo kapena makina amene aikidwa pafupi nazo. Zina ndi zinyumba zazikulu kuposa mzinda, mbali iyi yofanana ndendende ndi inayo, zomwe zimatumphuka m'nyanjamo, n'kukula, kenako n'kugumuka tsiku lisanathe. Mayina anaperekedwa, mabuku anadzaza mashelefu, koma tanthauzo la zonsezi silinapezeke. Woyendetsa ndege wina, Berton, pofunafuna mnzake amene anasowa, anaona mwana wakhanda wotalika mamita anayi ali pamwamba pa nyanjayo, akugwedeza ziwalo ngati wina akuziyesa chimodzichimodzi. Komiti imene inamva umboni wake inagamula kuti mpweya woipa unamusokoneza mutu. Lem, yemwe anaphunzira zaudokotala, ankadziwa mmene ophunzira amakanganirana, ndipo masamba amenewa ali ndi chipongwe chobisika.

Pamene Kelvin akufika, phunziroli n'kuti litazilala. Pamalopo panatsala anthu atatu, ndipo mmodzi wa iwo, Gibarian, anali atangodzipha kumene. Iwo anali atawomba nyanjayo ndi cheza champhamvu cha X-ray popanda chilolezo, ndipo pambuyo pake kunayamba kubwera alendo. Aliyense ankalandira munthu woumbidwa kuchokera ku zimene anazikwirira mumtima. Kelvin akudzuka m'mawa n'kupeza Harey, wokondedwa wake, atakhala m'chipinda mwake, chikhalirecho mkaziyu anadzipha zaka 10 zapitazo awiriwo atayambana. Diresi lake lili ndi mabatani okongoletsa chabe, lilibe potsegulira, moti kuti alivule mpaka kuling'amba. Mapazi ake ndi osalala ngati a khanda losayendapo. Nyanjayo inakopera zimene Kelvin ankakumbukira, osadziwa ntchito yake. Kaya inali mphatso, chilango, kapena kuyesa chabe, bukuli silinena. Kumapeto Kelvin akutsikira kunyanjako n'kutambasula dzanja. Funde likulikuta dzanjalo osalikhudza, ndipo pakapita kanthawi likuleka kumulabadira.

Kunja kwa bukuli, nyanjayi yakhala ikuchepetsedwa. Owerenga Chingelezi analandira bukuli mu 1970 litamasuliridwa kuchokera ku Chifalansa, osati ku Chipolishi, ndipo Harey anasanduka Rheya. Lem sanakondwe nalo. Kumasulira kochokera ku Chipolishi mwachindunji, kwa Bill Johnston, kunatuluka mu 2011, Lem atamwalira kale ku Kraków mu 2006.

Wailesi yakanema ya Soviet Union inaonetsa sewero la nkhaniyi mu 1968, koma kanema wotchuka ndi wa Andrei Tarkovsky wa mu 1972, amene analandira mphoto yapadera ya oweruza ku Cannes. Tarkovsky anawonjezera gawo lalitali la padziko lapansi, nyumba ya bambo ake a Kelvin ndi dziwe lake, ndipo nkhani inakhala ya chikumbumtima ndi kulakalaka kwawo. Iye ndi Lem anakangana kwambiri pa zimenezi ku Moscow. Steven Soderbergh, mu 2002, anaika George Clooney pamalo a Kelvin n'kutsamira pa chikondi cha awiriwo, nyanja n'kutsala ngati kuwala kokongola koonekera pawindo. Lem anayankha kuti iye sanalembe za chikondi cha m'mlengalenga, koma za munthu wokumana ndi chinthu chimene chilipodi, chomwe sichingalowe m'maganizo ndi m'mawu a anthu.